Lusiya Wachoka

Ndinali ndi zaka khumi ndi ziwiri pamene anthu a ku Nkaya anayamba kundiloza ndi milomo. Zisanafike pamenepo ndinali mwana wamba, wachitatu kubadwa m'nyumba ya bambo wolima thonje ndi mayi wogulitsa mbatata yophika ndi nzimbe pasiteshoni ya sitima. Ndinkaimba kwaya ya ana, pothamanga ndinkasiya anyamata ena kumbuyo, ndipo mayeso akatuluka dzina langa silinkasowa pamwamba.

Chinthu chimene chinkandichitikira chinkayamba ndi fungo. Ndili chikhalire, kaya ndikusenda nandolo pakhonde kaya ndili m'kalasi, ndinkangomva fungo la tayala lopserera pomwe moto kulibe. Kenako m'mimba munkanyamuka chinthu chofunda, n'kumakwera pang'onopang'ono mpaka pakhosi, ndipo ankandigwira mantha opanda mutu, ngati ndaba chinthu ndipo mwini wake waima kumbuyo kwanga. Nthawi zina zonse zimene ndikuona zinkakhala ngati zinachitikapo kale, nkhuku yomweyo, mawu omwewo, mthunzi womwewo. Zikafika pamenepo sindinkadziwanso kanthu. Ndinkadzazindikira nandolo atamwazika pansi, mutu ukulemera, anthu akundiyang'ana.

Sindinkagwa, sindinkaphupha, thovu silinkatuluka kukamwa. N'chifukwa chake kunyumba palibe anaganizako za matenda. Ankati ndimangoyang'ana kumodzi, n'kumatafuna m'kamwa mulibe kanthu, zala zikutolatola pansalu ngati ndikuchotsa chisoso. Akandiitana sindinkayankha. Abale anga anazipatsa dzina, ankati, "Lusiya wachoka." Amayi ankati ndi mwano. Kusukulu aphunzitsi ena anandikwapula m'manja chifukwa anandifunsa funso ine n'kumangowayang'ana ndikutafuna, kalasi yonse ili pa phwete. Za fungo lija sindinauze munthu. Ndinkaopa kuti andiyesa wamisala.

Chaka chimenecho, pa Misa ya masika, anandisankha kuti ndikhale patsogolo pa atsikana opereka mitulo. Amayi anandisoketsera bulauzi yoyera, n'kundibwereka chitenje chawo chatsopano chimene iwo eni anali asanachivalepo. Ndinasenza lichero la mtedza wa m'munda mwathu. Abambo anga ndiwo ankaimba ng'oma yaikulu ya kwaya, ndipo tikulowa pakhomo la tchalitchi ndinawaona atatembenukira kwa ine, nkhope ikunyezimira ndi thukuta, akumwetulira. Tinayamba kuvina pang'onopang'ono kulowera kuguwa. Tili pakati pa tchalitchi, fungo lija linandipeza.

Zotsatira zake ndinachita kumva kwa ena, aliyense akuthirako mchere wake. Akuti ndinaima, mzere wonse n'kuima kumbuyo kwanga. Akuti ndinatula lichero bwinobwino, n'kumasula chitenje cha amayi, n'kuyamba kuchipinda pamaso pa ansembe ngati ndangochianula kumene. Kenako akuti ndinapita kubenchi la azibambo, n'kugwira kolala ya mkulu wina wa mpingo, n'kumaitolatola ndikutafuna. Chimene ndikukumbukira ndekha n'chakuti ndinazindikira ndili chiimire, ng'oma zitatonthola, miyendo yanga itanyowa, ndipo pasimenti kamtsinje kakuyenderera kulowera kumapazi a anthu. Mwana wina anaseka. Mayi wina anati, "Yesu Mariya!" Amayi anathamanga, anandikulunga nsalu ya munthu wina, n'kunditulutsa atandigwira pamkono mwamphamvu moti zikhadabo zawo zinalowa m'khungu.

Ine ndi amayi tinayenda mpaka pamlambe wapafupi ndi kwathu. Apo anaima, osandiyang'ana.

"Wandivula lero," anatero. "Pamaso pa mpingo wonse, wandivula."

Munthu umapepesa bwanji pa chinthu chimene sunachione?

Sabata yomweyo mudzi unagawana nkhani yanga. Ena ankati ndi ziwanda, ena ankati alipo wochita nsanje ndi nzeru zanga za kusukulu. Ochepa anatchula khunyu, anzawo n'kuwatsutsa kuti wodwala khunyu amagwa n'kuphupha. Komabe pamjigo atsikana anasiya kumwera chikho chimodzi ndi ine, ndipo ngakhale kunyumba ndinangoona kuti kapu ya pulasitiki yofiira yasanduka yanga ndekha, popanda wina kunena kanthu. Yasinta, mnzanga wapamtima amene tinkakhala naye benchi limodzi, anasamukira kumbuyo. Akuti amayi ake anamuuza kuti malovu anga angamupatsire. Anyamata akandiona ankayamba kutafuna m'kamwa n'kumatolatola malaya awo. Ine ndinali ndisanadzionepo ndikuchita zimenezo. Maonekedwe a matenda anga ndinawadziwira kwa ondinyoza.

Amalume anga, amene ankakhala kwa Kawinga komwe agogo athu anafikira atachoka ku Mozambiki, anatumiza mawu akuti ndipite akandifunire mankhwala achikuda. Aliyense ankadziwa kuti ulendowo unalinso wondibisa. Ndinamwa mizu yowawa, ndinasamba madzi onunkha masamba, ananditema mphini m'mbali mwa mutu, pa litsipa. Ndinabwerako ndi zipsera, koma kuchoka kunali komwe kuja.

Kumeneko ndi kumene chinthu chachiwiri chinakhwimira. Kunena zoona chinayamba kale, Misa ija isanachitike, kungoti poyamba chinkabwera n'kupita. Tsopano chinamanga msasa. Kukacha ndinkadzuka ngati wina wandisanjika belo la thonje pachifuwa. Chakudya chinasiya kukoma, ngakhale mango amene kale ndinkakwerera mitengo ya eni. Nyimbo zinauma pakhosi. Poyamba ndinkalira popanda chifukwa, kenako misozi nayo inaphwa. Nditabwerera ku Nkaya ndinkangokhala kuseri kwa nkhokwe, n'kumayang'ana nyerere. Kusamba kunkaoneka ntchito yaikulu ngati kulima munda wonse. Sukulu ndinaisiya osauza munthu, ndinangoleka kuvala yunifolomu.

Amayi zimenezi sanazimvetse ngakhale pang'ono.

"Zochokazo tinene kuti si dala," ankatero. "Nanga ulesiwu? Ukudwala pati? Thupi silikutentha, m'mimba simukupweteka. Anzako ali kumjigo iwe uli khale ngati mtengwa watsopano."

Tsiku lina atandipeza ndisanasese pabwalo dzuwa lili pamutu, anavula patapata n'kundimenya naye kumsana ndi m'miyendo. Sindinalire, sindinathawe, ndipo zimenezo zinawapsetsa mtima koposa. Abambo sanandikalipirepo. Anangosiya kuimba ng'oma kutchalitchi, ndipo kwa ine zimenezo zinawawa kuposa patapata, chifukwa ndinkati akuthawa maso a anthu chifukwa cha ine. Ndinadzamva kwa amayi patapita zaka, abambowo atamwalira kale, kuti ankakhulupirira kuti kugunda kwa ng'oma yawo ndiko kunandisokoneza mutu tsiku lija. Koma pa nthawiyo ndinkangodziwa kuti ndachititsa manyazi nyumba yonse, ndipo pamwamba pake ndine waulesi. Ndinkakhulupirira zimenezo ndi mtima wonse. Ndikati ndipemphere, ndinkapempha Mulungu kuti andikhululukire ulesi.

M'nyengo yotentha kwambiri, mvula isanagwe, amayi anandikakamiza kupita nawo kusiteshoni. Anati wokana sukulu agwire ntchito. Pafupi ndi malo awo pankakhala Abiti Saidi, mayi wachiyawo wogulitsa zitumbuwa, wamkulu thupi, wa mawu omveka kutsidya kwa njanji. Iwo ndi amayi ankakangana za makasitomala tsiku lililonse, koma wina akachokapo mnzake ankamuyang'anira katundu. Masana amenewo amayi anandisiya pa beseni la mbatata n'kupita kukatenga nzimbe zina. Chapatali sitima ya katundu inkabwera. Ndikukumbukira kuti mpweya unkanjenjemera pamwamba pa njanji chifukwa cha kutentha. Kenako fungo lija.

Ndinazindikira ndili gone pamiyala ya m'mphepete mwa njanji, mawondo atasupuka, Abiti Saidi atandigwera pamwamba akupuma mwawefuwefu. Mpango wawo unali utagwa, zitumbuwa zitamwazika m'fumbi, ndipo pafupi ndi mapazi athu mabogi ankadutsa limodzilimodzi, nthaka ikugwedezeka. Abiti Saidi anali atandiona ndikunyamuka, ndikuyenda ngati munthu wotumidwa, n'kukaima pakati pa njanji ndikutolatola diresi langa.

"Mwanache iwe!" anakuwa. "Ukanaphwanyika! Sitima yonseyi sunaimve?"

Ndinayang'ana matayala achitsulo aja akudutsa. Ndinafufuza mantha mumtima mwanga, koma munalibe. Munalibenso kuthokoza. Mawu anangotuluka okha, motsitsa.

"Mukanangondisiya."

Abiti Saidi anandiyang'ana, kenako anatola mpango wawo n'kuumanga.

"Wati chiyani?"

"Palibe."

"Iyayi, ndamva."

Dzuwa litapendeka anabwera kwathu, chinthu chimene anali asanachitepo. Anakhala pamphasa ndi makolo anga, ine ndikumvetsera ndili m'khitchini.

"Anzanga," anatero, "kuchoka kwa mwanayu ndakuona ndi maso angawa. Panjanji paja sanapitepo dala, sankadziwa kanthu. Koma mawu amene wanena atatsitsimuka, amenewo wanena ali maso."

Ndipo anawabwereza mawu aja. Ndinalakalaka nthaka itang'ambika. Kunyowetsa simenti ya m'tchalitchi kunali manyazi, koma aka kanali kanthu kanga kobisika kwambiri, kamene ndinkadziwa kuti pa chikhulupiriro chathu ndi tchimo lalikulu, ndipo tsopano kanali pamphasa, pakati pa akuluakulu.

"Wangolankhula ameneyo," anatero amayi. "Ndi mwano wake."

"Mwano ndimaudziwa, ndalera ana ine. Uwu si mwano. Mupite naye kuchipatala ku Balaka. Mukapanda kupita ndimutenga ndine, mudzandizenge mlandu pambuyo."

Abambo, amene sankalankhula kawirikawiri, anangoti, "Mawa apita."

Tinafika m'mawa dzuwa litakwera kale. Anatilozera khomo limene odwala khunyu ndi odwala matenda a maganizo ankaonedwerako, ndipo amayi anakokera mpango wawo kumaso kuopa kuti wina wa kwathu angawaone pamzere umenewo. Titalowa tinapeza adokotala aakazi, aafupi, olankhula Chichewa chomveka kuti kwawo n'kumpoto. Anamvetsera amayi akufotokoza za kutafuna, za kutolatola, za kutchalitchi, za kunjanji. Kenako anatembenuza mpando wawo n'kuyang'ana ine.

"Lusiya, zisanayambe umamva chiyani?"

Chiyambire palibe anali atandifunsapo funso limeneli. Ndinayang'ana pansi.

"Ena amamva fungo limene anzawo sakulimva," anapitiriza. "Ena amamva chinthu chikukwera kuchokera m'mimba. Ena amagwidwa ndi mantha."

Ndinadzutsa mutu. Ena? Kani tinalipo ambiri? Ndinawauza zonse, za tayala lopserera, za zinthu zooneka ngati zinachitikapo kale. Amayi anandiyang'ana ngati akuona mlendo.

"Awa ndi matenda a khunyu," anatero adokotala.

"Koma sagwa," anatsutsa amayi.

"Matenda a khunyu si amtundu umodzi, mayi." Anatambasula dzanja n'kugwira m'mbali mwa mutu wanga, pomwe panali mphini zija. "Ake akuoneka kuti amayambira mbali iyi ya ubongo, m'kati mwa apa. Munthu sagwa, koma amasowa kwa kanthawi, thupi n'kumachita zake. Si ziwanda, ndipo sapatsirana, kaya ndi malovu kaya ndi mbale."

Ndinaganiza kuti zathera pomwepo, atipatsa mankhwala tizipita. Koma anandifunsanso.

"Nanga masiku amene sunachoke, mtima wako umakhala bwanji?"

"Ameneyu ndi waulesi, adokotala," amayi anayankha msanga. "Sukulu anasiya, kusamba mpaka kumukakamiza..."

"Ndafunsa mwanayu, mayi. Tatipatsaniko mpata pang'ono."

Amayi atatuluka, m'chipindamo munangomveka phokoso la anthu a panja. Adokotala sanandifulumizitse. Ndinayamba ndi belo la thonje, chifukwa ndilo linali losavuta kunena. Ndinanena za chakudya, za kuseri kwa nkhokwe. Anandifunsa mosazungulira ngati ndinalakalakapo kufa. Nkhope yanga inatentha. Ndinagwedeza mutu kuvomera, ndikudikira kuti andidzudzule. Sanandidzudzule, ndipo sanadabwe. Anangoti wachita bwino kunena, n'kundipempha kuti awafotokozere amayi ine ndili pomwepo.

"Mwana wanu ali ndi matenda awiri oyendera limodzi," anawauza atalowanso. "Amodzi mwakhala mukuwaona. Enawo ndi a maganizo, kulemera kwa mtima kosachoka. Anthu ambiri amene khunyu yawo imayambira mbali imeneyi amavutika nawonso. Kwina n'chifukwa cha kusekedwa ndi kusalidwa, inde. Koma kwinanso n'chifukwa chakuti mbali yomweyi ya ubongo ndi imene imagwira za mantha, za kukumbukira, za kusangalala. Ikavutika, zonse zimavutikira pamodzi. Kwa ena kulemera kwa mtimako kumayamba kuchokako kusanaonekere n'komwe. Si ulesi, mayi. Mwanayu wakhala akusenza katundu amene inu simunamuone."

Amayi anayang'ana manja awo pamiyendo.

"Ndinamumenya ndi patapata," anatero, ngati akuuza khoma.

"Simunkadziwa. Lero mwadziwa. Musamamusiye yekha pafupi ndi moto, madzi kapena njanji. Ndipo akakhala chete, musamamukalipire, muzimufunsa."

Titatuluka tinakhala pansi pa mtengo kunja kwa mpanda wa chipatala. Amayi anatseka pakamwa ndi chitenje n'kuyamba kulira, mapewa akugwedezeka, anthu a m'tauni akudutsa n'kumatiyang'ana. Ine manyazi anandigwiranso, tsopano chifukwa choliritsa amayi anga pamsewu. Sanandipepese ndi mawu. Amayi a nthawi imeneyo sankapepesa ana. Atapukuta maso anatulutsa botolo la thobwa limene tinatenga kunyumba, anandipatsa, ndipo nditamwa analilandira n'kumwa pomwe panali milomo yanga, osapukuta.

Ndikanama nditati kuyambira tsiku limenelo zonse zinayera. Mapilitsi oyamba, ang'onoang'ono oyera, anachepetsa kuchoka kuja, koma ankandigonetsa masana ndipo mtima unalemera kuposa kale. Amene anazindikira ndi amayi omwewo. Anandiveka diresi n'kubwerera nane ku Balaka tsiku lathu lisanakwane, ndipo ulendo uno mpango sanaukokere kumaso. Adokotala anati zimachitika ndi mankhwala ena, anandisinthira, nandiuza kuti ndikabwera kudzatenga mapilitsi ndizikhalanso pansi ndi namwino wina kukambirana za mumtima. Ndinkadana nazo zokambiranazo. Kunena kuti sabata ino ndachoka kawiri kunali kosavuta. Kunena kuti sabata ino sindinaone chifukwa chodzukira kunali ngati kudzivula ndekha. Koma ndinkanena, pang'onopang'ono, ndipo miyezi itapita ndinadzidzimuka tsiku lina ndikung'ung'udza nyimbo potsuka mbale.

Kusukulu ndinabwerera, ndinabwereza kalasi. Anyamata ena anapitiriza kutafuna akandiona, mpaka zinawakwana okha. Yasinta sanabwererenso pabenchi langa, ndipo mpaka lero tikakumana kumaliro timangopatsana moni wa anthu odziwana patali.

Panopa ndine mayi wa ana awiri, ndimasoka zovala m'tauni ya Balaka. Mapilitsi ndimamwabe m'mawa ndi madzulo. Kuchoka kunakhala kwa apo ndi apo, koma nyengo zolemera mtima zimabwerabe, ndipo ndinaphunzira kuti zikayamba ndisadikire kuti zikhwime, ndizikanena kuchipatala monga momwe ndinganenere malungo. Chimene ndikumvetsa tsopano n'chakuti pa matenda anga awiri, amene anthu onse ankawaona ndi amene anandichotsera ulemu, koma amene palibe ankawaona ndi amene anatsala pang'ono kundichotsera moyo. Ndipo achiwiriwo anakula chifukwa ndinawaphimba ndekha, poyesa kuti ndi khalidwe langa loipa. Munthu wamanyazi amabisa ngakhale chilonda chimene chikumupha.

Manyaziwo sindinganene kuti anatha. Pamzere wa mankhwala ndimayang'anabe uku ndi uku. Apongozi anga amadziwa za khunyu, koma za enawo sindinawauzepo.

Chaka chatha mayi wina wa ku Ngokwe anabwera kudzasoketsa yunifolomu ya mwana wake wamwamuna. Sindikudziwa anamva kwa yani za ine. Ndikuyeza nsalu, anasendera pafupi n'kunong'ona kuti mwanayo amakhala ngati wazizira kwa kanthawi, maso ali tong'o, ndipo anafuna kudziwa dzina la mapilitsi amene ndimamwa kuti akagule. Ndinawauza kuti mapilitsi sagulirana, apite naye kuchipatala akamuone. Anavomera n'kunyamula chikwama chawo. Nkhani ikanathera pomwepo, ine ndikanatsala ndi ulemu wanga wa mayi telala. Koma ndinamva pakamwa panga pakufunsa.

"Nanga mpira akusewerabe? Amaseka?"

Mayiyo anaima pakhomo. "Mwadziwa bwanji? Wangosanduka waulesi, amangokhala m'nyumba."

Ndinaika sizasi pansi, ndinawakokera mpando, ndinatseka chitseko. Nkhope inatentha ngati kale. Ndinawauza zonse, ngakhale zimene ana anga omwe sakuzidziwa. Manyazi sanandichokere kuti ndilankhule. Anakhala pomwepo pambali panga, ndipo ine ndinalankhulabe mpaka kumapeto.